Mawu a Munthu wa Mumgodi

Tsikulo ku Berlin kunkagwa mvula yamawawa yosakanikirana ndi chipale chofewa, ndipo a Volkmar Uhlemann anafika pa situdiyo yojambulira mawu nsapato zitalowa madzi. Anali ndi zaka 71. Anawaitana kuti adzabwereze mawu awo m'filimu imene anasewera chilimwe chapitacho.

Jannik Behrens, mnyamata amene anatsogolera filimuyo, anawalandira kapu ya khofi ili m'manja.

"Volkmar, mkulu wanga! Khala apa."

Pa ntchito imeneyi aliyense ndi iwe. A Uhlemann sanazolowere. Anakhala pansi osavula chikhoti.

"Nkhani yake ndi yaing'ono," anatero Jannik. "Filimu tinaionetsa kwa anthu ochepa ku Köln kuti timve maganizo awo. Itafika pa manda paja, anaseka."

"Anaseka maliro?"

"Anaseka kalankhulidwe. Ukudziwa mmene anthu amachitira akamva Chijeremani cha kwanu ku Sachsen. Akuluakulu a kanema akuti ubwereze zonse m'Chijeremani cha owerenga nkhani."

A Uhlemann ankadziwadi. Khoma la Berlin lisanagwe ankasewera mafumu m'nyumba ya zisudzo ku Zwickau, kwawo ku Sachsen. Litagwa, a kanema anangomva kumene anachokera, basi. Zaka makumi atatu akusewera anthu oseketsa okhaokha: wapolisi wopusa, mlonda wogona pa ntchito, mlamu wadyera woba soseji pa ukwati. Ankati akangotsegula pakamwa, dziko lonse nthiti kuwawa. Malemu akazi awo, Irmgard, ankathimitsa kanema n'kupita kukatsuka mbale.

Kenaka kunabwera filimu iyi. Munthu wa mumgodi, mapapo atadyeka ndi fumbi, akuika mwana wake m'manda. A Uhlemann anamupatsa mawu a bambo awo, amene anafa ndi fumbi lomwelo.

"Munthu wa m'filimuyo ndi wa ku Aue, ku migodi ya ku Sachsen," anatero. "Ku Aue salankhula ngati owerenga nkhani."

"Koma iwe ungathe, eti? Unapita ku sukulu ya zisudzo."

"Ndingathe."

Analowa m'kachipinda kojambuliramo mawu navala zomvera kumakutu. Kuseri kwa galasi kunali Achim, wojambula mawu, mnzawo wakale wa ku Leipzig. Chithunzi chinaoneka: manda, chipewa m'manja. Nyali yofiira inayaka. A Uhlemann analankhula ndendende mmene analankhulira tsiku lojambula lija.

"Imitsa!" anatero Jannik. "Volkmar, usachite masewera. Bwereza."

Anabwereza. Chimodzimodzi. Kachitatu, chimodzimodzinso.

Mawu a Achim anamveka m'makutu mwawo. "Mdala iwe, ukufuna tichite mizu pano? Kunyumba kwaphikidwa bakha."

"Uza abwana akowo."

"Abwana ake ati? Awa ndevu zamera dzana?"

Jannik sanaseke. Anatsegula chitseko cha kachipindako nkhope itafiira.

"Tamvera. Ukakana, mawa kubwera munthu wa ku Hamburg. Nkhope ikhala yako, mawu akhala ake. Pangano unasaina lija likutilola."

"Mwanayo ndinamuika ndine. Wa ku Hamburg adzamulire?"

"Anthu asakuseke, Volkmar! Ndikuteteza iweyo."

A Uhlemann anavula zomverazo naziika pa mpando pang'onopang'ono.

"Zaka makumi atatu mwakhala mukundiitana kuti aseke. Munawaphunzitsa ndinu, Bambo Behrens. Lero mukunditeteza kwa ana anu a sukulu?"

"Ine nthawi imeneyo ndinali ndisanabadwe n'komwe!"

"Mpando ndi womwewo."

Jannik anadzikanda m'mutu. Anapuma mozama, kenaka anafewetsa mawu ngati munthu wobweretsa mphatso.

"Chabwino. Koma usadandaule, sitichotsa zonse. Kutsokomola kwako tikusiya. N'kwabwino zedi, wa ku Hamburg uja sangakuthe."

Achim anayang'ana pansi.

A Uhlemann anatembenukira kwa Jannik. Chifuwa chimenecho sanachiphunzire ku sukulu. Anachimva zaka zisanu kudzera m'khoma la chipinda cha makolo awo, kufikira tsiku limene chinaleka.

"Chifuwa cha ku Sachsen ndiye sichiseketsa," anatero.

"Usaitenge choncho."

A Uhlemann anatenga pepala limene panali mawu awo a pa manda, nalitembenuza. Anatulutsa cholembera. Analemba kuti dzina la Volkmar Uhlemann lichotsedwe pa filimuyo, koyambirira ndi kumapeto komwe, nasaina.

Jannik anawerenga ali chiimire.

"Wapenga? Iyi ndi filimu yokhayo imene anthu akanakukumbukira nayo. Ina sidzabweranso!"

"Ndikudziwa. Lembanipo la wa ku Hamburg."

A Uhlemann anatsanzika Achim pomugwira chanza, natuluka kukakwera sitima ya ku Zwickau.