Kabuku Kofiira ka Amayi Anga

"Mkazi wawo ndi uti? Asaine apa," anatero namwino.

Amayi anapukuta manja pa siketi n'kutambasula dzanja. Namwino anayang'ana pa kompyuta, kenako anabweza cholembera.

"Pepani, mayi. Pano palembedwa kuti mkazi wa a Remzi anamwalira. Asaine mwana wawo."

A Remzi ndi bambo anga. Anasaina ndi achimwene a Bahri, mwana wa mkazi woyamba wa bambo. Amayi anabwerera pa mpando wawo n'kuyamba kuyala bulangete lomwe linali loyalayala kale. Zaka 26 akuthyola azitona limodzi ndi bambo, akuwachapira, akuwasambitsa chiyambireni matenda a m'mapapo aja, koma m'mabuku a boma anali munthu wongodutsa.

Ine ndine Elvan, mwana yekhayo wa amayi. Sukulu ndinalekeza panjira, zambiri ndadziwira pa foni, ndipo kwathu kuno m'tauni ya Edremit amanditchula Machesi chifukwa sindichedwa kuyaka. Ukwati wa makolo anga anadalitsa ndi shehe, m'nyumba mwa agogo. Ku ofesi ya boma sanapiteko. "Tidzapita tikatha kukolola," ankatero bambo. Zokolola zinkatha, zina n'kubwera.

Masana a tsiku losaina lija achimwene anandikokera pakhonde la chipatala.

"Dokotala wati sapitirira mwezi. Nyumba ija ndapeza kale munthu woigula. Iwe gawo lako udzalandira."

"Nanga amayi?"

"Amayi ako ali ndi kwawo."

"Kwawo kuti? Mutathyoka mwendo muja anakuberekani kumsana ndani? Kodi mulibe manyazi, achimwene?"

"Usandikwezere mawu, Machesi iwe. Lamulo siliwadziwa. Ndinalemba ndine?"

Ndinapita kunyumba mtima ukuwira. Ndinalemba pepala lonena kuti nyumba ndi ya amayi, kuti mawa bambo angosainapo.

Mawa lake linali 10 Novembala. Pa kabati ya pafupi ndi bedi panali chithunzi cha Atatürk, tate wa dziko lathu, chomwe bambo anachoka nacho kunyumba. Mbiri yake ndinaimva ndisanamere mano. Mwana wa ku Selanik amene bambo ake anamwalira iye ali wamng'ono. Msilikali amene anaima nji pa nkhondo ya ku Çanakkale. Adani atagawana dziko lathu ngati nyama ya pa Idi, iye anasonkhanitsa anthu osauka ndi otopa n'kulilanditsa, ndipo mu 1923 anakhala pulezidenti woyamba. Agogo awo a bambo anapita ku nkhondo imeneyo osabwerera. Bambo akafika pamenepa mawu ankawathera.

Itangodutsa 9 koloko ndi mphindi zisanu, nthawi imene mtsogoleriyo anamwalira, malipenga analira tauni yonse. Magalimoto anaima pamsewu. Anamwino anaima pomwe anali.

"Ndidzutse, Nezaket," anatero bambo kwa amayi.

"Bambo a Elvan, simungathe."

"Ndati ndidzutse! Sindinayambe ndamvera lipenga ili chogona."

Amayi analowetsa phewa kunkhwapa kwawo. Bambo anaima, chubu cha diripu chikulendewera, misozi ikutsika. Thupi lawo lonse linatsamira pa mkazi amene sanamulembetse. Ndinaona nsana wa amayi ukupindika, ndipo machesi anayaka.

Lipenga litaleka ndinagwira chithunzi chija n'kuchivundikira pa kabati.

"Iyeyu mumamuimirira chaka ndi chaka! Amayi mudzawaimirira liti? Mukangotseka maso awathamangitsa ngati galu, inu muli phee kumanda ndi ulemu wanu!"

"Elvan, tseka pakamwa!" anakuwa amayi. "Ndi bambo ako awa!"

Bambo anatembenukira kukhoma.

Ndinatuluka n'kukakhala pamasitepe. Ndiko anandipeza mayi Nurten, amene amaona za mavuto a mabanja a odwala pa chipatalacho. Anali ndi timagalasi tiwiri ta tiyi.

"Mawu ako amveka mpaka kumochale, mwana wanga. Imwa."

Ndinawafotokozera zonse n'kuwaonetsa pepala langa. Anawerenga, anapukusa mutu.

"Walemba bwino, koma ili achimwene ako akaling'amba kukhoti tsiku limodzi. Wilo amalemba mwini wake ndi dzanja lake, kapena pamaso pa munthu wovomerezeka ndi boma. Komanso ngakhale itatheka, amayi ako akhalabe osadziwika. Bwanji osangowakwatitsa?"

"Munthu ali pabedi chonchi?"

"Akalephera kupita ku khonsolo, womangitsa maukwati amabwera yekha. Pafunika ziphaso zawo, zithunzi, kalata ya dokotala ya zaumoyo, ndi mboni ziwiri. Upemphenso kalata ina yonena kuti mutu wa bambo ako ukugwira bwino. Imeneyo ndiyo idzatseke pakamwa aliyense wofuna kutsutsa."

"Ndiye zikatero?"

"Amayi ako akhala mkazi wawo pa lamulo. Adzakhala ndi gawo lawo pa chuma chamasiye, penshoni ya bambo ako idzawafika, ndipo angathe kupempha khoti kuti akhalebe m'nyumba yomwe akhalamo ndi mwamuna wawo."

Anamwa tiyi pang'ono n'kundiyang'ana.

"Chithunzi wavundikira chija, ukudziwa kuti lamulo limeneli linabwera nthawi yake? Mu 1926. Lisanabwere, agogo awo a amayi anga anawasiya ukwati ndi mawu apakamwa chabe, anatuluka ndi kamtolo ka zovala basi. Munthu uja anali ndi zolakwa zake, sanali mngelo. Koma anasiya lamulo loti mkazi ndi mmodzi, ukwati ulembedwe, ndipo mwana wamkazi ndi wamwamuna agawane mofanana. Vuto n'lakuti anthu amapukuta fumbi pa chithunzi, lamulolo n'kulisiya likudyedwa ndi njenjete."

Ndinabwerera m'chipinda. Ndinadzutsa chithunzi chija n'kuchiimika bwino. Kenako ndinagwada pafupi ndi bedi, ndinapsompsona dzanja la bambo n'kuliika pamphumi panga.

"Ndalakwa, bambo. Koma njira ilipo."

Anamvetsera mpaka ndinamaliza.

"Si kukolola kunkandichedwetsa," anatero. "Ndinkaopa maso a Bahri. Akanati ndaiwala amayi ake. Ndinkati akakula amvetsa. Wakula, ine ndakalamba, mantha okha ndiwo sanakalambe." Anatembenukira kwa amayi. "Nezaket, kodi ungandilole? Katundu wake ndi ameneyu, wotha kale."

"Ndikaganize kaye," anatero amayi, akupukuta m'maso ndi nsonga ya mpango. "Mwandidzidzimutsa."

Masiku anayi ndinathamanga ngati wamisala. Wojambula zithunzi ndinachita kumukoka kuti abwere kuchipatala. Ku khonsolo anandibweza kamodzi chifukwa kalata ina inalibe chidindo, ndipo ndinaluma lilime langa osatukwana munthu. Achimwene atamva anabwera akufuka.

"Mukukwatitsa munthu wosadziwa dzina lake lomwe! Ndikakusumirani!"

Sindinakuwe. Ndinangowapatsa kalata ya dokotala. Anaiwerenga kawiri.

"Dzina langa ndikulidziwa, Bahri," anatero bambo ali pabedi. "Lakonso ndikulidziwa, ndinakutcha ndine. Amayi ako sindinawaiwale. Koma uyu anakulera. Gawo lako palibe akukulanda."

Achimwene anaponya kalata pabedi n'kutuluka.

Lachisanu m'mawa kunabwera womangitsa maukwati, mayi wamfupi atavala mkanjo wake wofiira. Mboni anali mayi Nurten ndi bambo wina wa bedi loyandikana, amene anaumirira kuti amumete ndevu kaye. Amayi anavala mpango woyera. Atafunsidwa ngati akulola, bambo anayankha mokweza mpaka anatsokomola. Anasaina okha.

Kwathu kuno akangosaina, mkwati ndi mkwatibwi amalimbirana kupondana phazi, ndipo woyamba kuponda ndiye amati alamulira nyumba.

"Mponde, mlongo!" anakuwa wa bedi loyandikana uja.

Bambo sakanatha kutsitsa mwendo. Amayi anangoika dzanja pa phazi lawo pamwamba pa bulangete, n'kulifinya pang'ono.

"Wandiponda kalekale uyu," anatero bambo. Tonse tinaseka, kenako kuseka kuja kunasanduka kulira.

Womangitsa ukwati anapereka kabuku kofiira m'manja mwa amayi. Nditacheuka ndinaona achimwene ataima pakhomo. Sanalowe, koma sanachokenso.

Bambo anamwalira patapita masiku asanu ndi anayi, azitona asanathe kuthyoledwa. Nyumba sinagulitsidwe. Khoti linalola amayi kukhalamo, ndipo achimwene analandira gawo lawo la munda. Sitinayambe kuchezerana bwino, sindikunamizeni.

Inu amene mukuwerenga, ife tinapulumukira pa kamphindi. Bambo akanakomoka ukwati usanalembedwe, amayi akanatuluka ndi kamtolo ngati mayi wakale uja. Dalitsani ukwati wanu kwa shehe kapena kulikonse kumene mumapemphera, koma kaulembetseninso ku boma mudakali ndi mphamvu. Musadikire kukolola. Kulemekeza amene anamenyera dziko si kuimirira mphindi ziwiri pa chaka. Ndi kugwiritsa ntchito malamulo abwino amene anasiya, kuyambira m'nyumba mwanu.

Tsiku lokatenga thupi la bambo, kalaliki wa kumochale anakweza maso n'kufunsa amayi kuti, "Inu ndinu ndani wawo?"

Achimwene anali atatambasula kale dzanja kuti alandire cholembera. Anayang'ana amayi, n'kulibweza m'thumba.

Amayi anatulutsa kabuku kofiira m'chikwama, anakaika pa tebulo.

"Mkazi wawo," anatero. Ndipo anasaina.