Supuni ya Wiebke

Wiebke anakwera pa sikelo n'kutsegula pakamwa kuti atchule nambala, kenaka anakumbukira kuti woimva uja kulibe. Mpando wa bambo ake unali pomwepo pafupi ndi zenera la kukhitchini, magalasi awo ali pamwamba pa kabuku kamene ankalembamo. Makilogalamu 58 ndi theka.

Kwa zaka khumi ndi zisanu, m'mawa uliwonse asanalawe ngakhale madzi, Wiebke ankafuula nambalayo ndipo a Eckhard, bambo ake amene analinso mphunzitsi wake wa taekwondo, masewera omenyana ndi mateche, ankalemba n'kungoti "hm". Nambala ikakhala yabwino, "hm". Ikakhala yoipa, "hm" yemweyo, koma buledi ankachoka pa mbale yake. Masabata awiri omalizawa okha ndi pamene buledi ankasiyidwa, ndipo Wiebke ankati ndi matenda awo a m'mapapo amene ayamba kuwaiwalitsa. Anamwalira Lamulungu masana. Tsopano linali Lachiwiri.

"Zingati?" anafunsa Torben, mchimwene wake, akulowa ndi chikwama cha malemuwo paphewa.

"Sizikukukhudza."

"Kuyambira lero zikundikhudza. Loweruka la sabata yamawa ku mpikisano, pampando wa mphunzitsi ndikhala ine. Uyenera kutsika pansi pa 57, malire a gulu lako."

"Ndi chimimba chimenecho? Ukathyola mpando wa eni ake."

"Mimba yanga sikwera pa sikelo, mlongo. Imakwera ndi yako."

Torben anasiya kumenya ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri. Malamulo onse a masewerowa ankawadziwa pamtima, chimene chinkamuvuta ndi kupambana basi. Koma bambo ake ankawakonda moti ankatsanzira ngakhale katsokomoledwe kawo, ndipo chimwalirire bambowo anagwira mfundo imodzi ngati nkhupakupa: Wiebke apite ku mpikisano wa dziko lonse, akatenge mendulo yachisanu, adzaiike pamanda.

Mayi awo, a Gudrun, anabwera ndi tiyi. Kwathu kuno ku Friesland tiyi sitimwa mothamanga. Umayamba waika mwala wa shuga m'kapu, tiyi wotentha n'kuuswa kuti thee, kirimu pamwamba, osatakasa. Supuni ntchito yake ndi ina: ukakwana umaiika m'kapu, apo ayi mwini nyumba azingothirabe mpaka dzuwa kulowa. Wiebke, monga mwa masiku onse, anaika supuni m'kapu tiyi asanathiridwe n'komwe, poopa shuga. Azimayi a kutchalitchi anasiya kale kumuitana chifukwa cha khalidwe limeneli.

Tinene zoona, poti nkhaniyi ikufuna zoona. Pamene dokotala anatuluka m'chipinda Lamulungu lija n'kupukusa mutu, Wiebke analira ngati wina aliyense, koma pansi pa misoziyo china chake chinamasuka, monga umamvera ukavula nsapato yothina. Anachita nacho manyazi. Chiuno chake chakumanja, cha mwendo umene unamupezera mamendulo onse a pakhoma paja, chinali chitatha. Dokotala wa mafupa ku Oldenburg anamuuza mosapita m'mbali kuti akapitiriza kuponya mateche, adzamuika chiuno chachitsulo asanafike zaka makumi atatu ndi zisanu. Kalata imene dokotalayo anamulembera anaibisa m'nsapato. Ukawauza bwanji munthu amene akupuma movutikira kuti ntchito ya moyo wake wonse yathera pamenepa? Anangoti adikire. Ndiye wadikira, bambo apita, koma mpando uja wapeza kale wokhalapo.

A Gudrun anakankhira makapu pambali n'kutsegula fayilo yaikulu yobiriwira. Kwathu kuno munthu wolongosoka safa mwachisawawa, ndipo a Eckhard, amene anakonza njanji zaka makumi anayi, anali wolongosoka mopitirira muyezo. Zonse za maliro awo zinali m'menemo, zolembedwa ndi dzanja lawo: nyimbo zitatu, mtengo wa bokosi, onyamula asanu ndi mmodzi pamodzi ndi awiri apadera ngati wina atadwala msana, ndi chenjezo lakuti abusa asapitirire mphindi khumi ndi ziwiri.

"Amuna anga inu," anatero a Gudrun akupukuta magalasi. "Mwayeza ndi ulaliki womwe."

Torben anatuluka panja kukaimba foni kwa okonza mpikisano kuti asinthe dzina la mphunzitsi. Sanachedweko. Anabwera nkhope ili gwa, foni ikadali m'manja.

"Dzina lako palibe."

"Wati chiyani?"

"Usandipusitse, iwe. Akuti unachotsedwa pa mndandanda masabata awiri apitawo. Papa ali chigonere, akulimbana ndi mpweya, iwe n'kumawazembera kumbuyo? Sunathe n'kudikira komwe kuti atseke maso?"

"Sindinachotse dzina langa ine."

"Ndiye lafufutika lokha? Ndiwaimbiranso. Ndiwauza za malirowa, amvetsa, akubwezerapo."

Wiebke anaimirira, chiuno chinamubaya, anagwira tebulo. Mawu amene anawasunga miyezi isanu anatuluka okha.

"Usaimbe. Sindinachotse ine, koma ndikanakhala ndi mtima ndikanachotsa kalekale. Sindikupita, Torben. Chiuno changa chatha. Masokosi ndimavala nditakhala pansi ngati nkhalamba. Ndatopa ndi njala, ndatopa ndi kulavulira m'botolo kuti ndipepuke tsiku lokwera sikelo. Ukufuna mendulo pamanda? Vala lamba wako ukaitenge wekha."

"Papa anakupatsa moyo wawo wonse!"

"Inenso ndinawapatsa wanga!"

A Gudrun ananyowetsa chala, anatsegula masamba angapo, n'kusolola pepala limodzi.

"Khalani pansi nonse awiri. Kalata yochotsa dzinalo ndinakaiponya ndine ku positi."

Linali kope la kalata yopita kwa okonza mpikisano, mizere itatu yokha. Inkati Wiebke Oltmanns sadzamenya nawo chaka chino, ndiponso sadzamenyanso m'tsogolo, ndipo pansi pake panali siginecha ya a Eckhard, yonjenjemera koma yawo.

Wiebke anaiwerenga kawiri. "Mama, munawauza ndinu? Munaipeza kalata ya dokotala?"

"Kalata yanji? Ine sindinaone kalata. Mwana iwe, bambo ako akhala akuyang'ana miyendo ya anthu zaka makumi atatu. Ali gone m'chipinda muja ankamvetsera ukamakwera masitepe. Tsiku lina anandiuza kuti, 'Gudrun, mwanayu akukwera ndi mwendo wamanzere wokha, winawo akungoukoka. Ndamuwononga mwana.' Analira. Ine chikwatiwire ndinali ndisanawaone akulira, ngakhale pa maliro a mayi awo."

"Nanga bwanji sanandiuze? Mpaka Loweruka lapitali amalembabe nambala!"

"Ankati akuuza mawa. Kukacha, ukakwera pa sikelo paja, mawu ankawathawa. Umawadziwa bambo ako: kulamula ankatha, kupepesa ayi."

"Nanga inu, masiku awiri onsewa osandiuza bwanji?"

"Ndimafuna ndimve kaye pakamwa pako. M'nyumba muno tonse tinazolowera kungoti 'hm'. Zatikwana."

Torben anakhala pansi mwamphamvu, mpando n'kulira. Anayang'ana kalatayo nthawi yaitali, kenaka anapumira m'mwamba, ndipo nkhope yake inafewa ngati ya munthu amene wauzidwa kuti mayeso aimitsidwa.

"Kunena zoona," anatero, "ine mpando wa mphunzitsi uja umandiopsa. Ndikanakakuuza chiyani ine pakati pa ndewu? 'Menya'?"

Wiebke anaseka, kuseka kosakanikirana ndi misozi, mpaka anagwira chiuno. Torben ananyamula sikelo ija, anaizunguza m'manja posadziwa koiika, n'kukaikankhira pansi pa kabati ya nsapato.

"Tsamba lomaliza ili," anatero a Gudrun akutseka fayilo, "ndi la Lachisanu. Musaligwire."

Lachisanu kunawomba mphepo yochokera kunyanja, yokwanira kuulutsa zipewa za onyamula bokosi. Abusa analalikira mphindi khumi ndi imodzi, akuyang'anayang'ana wotchi. Ana a ku kalabu ya taekwondo ya malemuwo anaima pamzere atavala zoyera zawo n'kuwerama bokosi likudutsa. Wiebke anaweramanso, ndipo kwa nthawi yoyamba sanabise kutsimphina kwake pochoka kumanda.

Tiyi wa maliro anali mu holo ya mpingo, matebulo ataliatali, keke ya batala yodulidwa m'mabandemabande monga timachitira. Aliyense anali ndi malo ake olembedwa dzina, poti a Eckhard anajambuliratu ndi mapu a mipando omwe. Wiebke anapeza malo ake pakati pa mayi ake ndi Torben. Mayi Tjaden, amene amayang'anira holoyo, anafika ndi ketulo, ndipo dzanja la Wiebke linapita lokha pambali pa kapu monga linazolowera. Linagwira nsalu ya patebulo. Anasuzumira pansi pa sosala, kambale koikapo kapu, anayang'ana pansi pa tebulo. Malo ena onse anali ndi supuni.

"Pepani mayi Tjaden, pano mwaiwala supuni."

"Ine ndaika matebulo a maliro zaka makumi awiri, mwanawe, sindiiwala supuni," anayankha mayiwo. "Funsa mayi ako."

A Gudrun anatulutsa pepala lopinda m'chikwama chawo n'kuliyala pafupi ndi mbale yake. Linali tsamba lomaliza lija. Pansi pa mapu a mipando, m'malembo opendekeka a munthu amene dzanja layamba kumukana, panalembedwa kuti: *Wiebke. Keke mabande awiri, a pakati, osati a m'mphepete. Mwala wa shuga waukulu. Supuni ayi.* Mawu awiri omalizawo anali odulidwa mzere kunsi, ndi rula.

"Mpaka m'manda akulamulabe," anatero Wiebke.

Torben anatenga supuni yake mwakachetechete n'kuiika m'thumba la jekete, kuti mlongo wake asaganize zobwereka.

Mayi Tjaden anathira tiyi, ndipo mwala wa shuga uja unasweka kuti thee. Wiebke anamwa pang'onopang'ono, kuyambira kirimu wa pamwamba mpaka kutsekemera kwa pansi kumene anali atakuiwala. Ataika kapu pa sosala, mayi ake anali atanyamula kale ketulo.