Wakufa Wodzapempha Dzina

Steinunn anali kukazinga mandasi opota pamene mpongozi wake Dagný analowa m'khitchini, mimba ili patsogolo, chisanu chili mbuu pamapewa.

"Steina, ndalota zachilendo ine," anatero Dagný akudzithirira khofi. "Inu munabadwira m'mudzi muno, mwina mumudziwa. Kunabwera mayi wina pakhomo, nkhope sindinaione bwino. Anavala epuloni ya kufakitale ya nsomba, mpeni ali nawo kumanzere, akuimba mluzu. Chala chaching'ono cha kumanja chinali choduka pakati. Ndiye akuti, mundilole ndikhale nanu."

Mandasi awiri anapserera m'mafuta Steinunn akungowayang'ana.

Ku Iceland kuno ngakhale osapemphera amadziwa kuti wakufa akafikira mayi wapakati kumaloto n'kupempha malo, chimene akufuna ndi dzina. Amafuna mwanayo atchedwe iye. Ndipo akuluakulu amati kumukaniza si bwino, mwana sakula ndi mtendere.

Mayi wa mluzuyo Steinunn ankamudziwa ngati chikhatho chake. Anali Sólrún, mkazi woyamba wa malemu mwamuna wake Torfi. Azimayi awiriwa adagwira ntchito tebulo limodzi kufakitale, ndipo tsiku limene chalacho chidaduka ndi Steinunn yemweyo adachimanga ndi mpango wake. Pazithunzi zonse Sólrún ankabisa dzanjalo kumbuyo, n'chifukwa chake Dagný sakanadziwa. Ngakhale mwamuna wa Dagný, Kolbeinn, mwana wa Sólrún weniweniyo, sakanadziwa, poti mayi ake adamwalira iye ali ndi zaka ziwiri.

"Aaa, iwenso! Maloto a munthu wodya nsomba zouma pogona amenewo," anatero Steinunn. "Kufakitale kuja theka la azimayi linalibe zala. Idya mandasi."

Linali bodza lamkunkhuniza, ndipo analinena maso ali gwa. Musamuweruze msanga mayiyu. Zaka makumi atatu ndi ziwiri adakhala m'nyumba ya Sólrún, kuphika m'miphika ya Sólrún, kupukuta fumbi pachithunzi cha Sólrún chimene Torfi sadalole kuti chichoke pakhoma. Kolbeinn adamulera ndi iyeyo, kuyambira chikuku mpaka ukwati. Wakewake sadabereke. Nanga Torfi pomwalira adapempha chiyani? Kuti akamuike pambali pa Sólrún! Steinunn adavomera, n'kukalirira m'galimoto.

Ndiye taonani mmene maina amayendera kuno. Kolbeinn ndi Torfason, mwana wa Torfi. Wobadwayo adzakhala Kolbeinsdóttir, mwana wamkazi wa Kolbeinn. Mayi wolera alibe polowera pamenepo, kupatula dzina loyamba basi. Dzinalo makolo amalibisa mpaka tsiku laubatizo, koma Kolbeinn, pokhala wosasunga chinsinsi chibadwire, anali atamunong'oneza kale pomuperekeza kuchipatala cha maso.

"Musauze Dagný kuti ndaulula. Akakhala wamkazi, ndi Steinunn."

Chinthu chimodzi chokhacho! Ndiye munthu woti adagona kumanda kalekale adzuke, avale epuloni, adzachilandenso? Nsanje inamugwira Steinunn. Ndi kale lomwe zinali choncho. M'chinenero cha kuno, dzina la Sólrún lili ndi mawu oti dzuwa m'kati, lake lili ndi oti mwala, ndipo anthu a m'mudzimo ankawaona momwemo.

Mwana anabadwa mu Malichi, wamkazi. Poyembekeza ubatizo ankangomutchula kuti Kamtsikana. Koma Kamtsikanako kanali kolira, abale inu! Kakayamwa n'kubweza, kakagona pang'ono n'kudzidzimuka. Pasikelo sikankakwera bwino. Namwino anati ndi m'mimba chabe, ana ambiri amatero, zidzatha zokha. Steinunn anavomereza mokweza kuposa aliyense.

"Mwamva? M'mimba basi. Kolbeinn nayenso anali wolira."

"Wabweranso mayi uja," anatero Dagný tsiku lina, maso ali psuu ndi tulo. "Ulendo uno sanalankhule. Anangoima panja pawindo."

"Uzitseka makatani," anayankha Steinunn.

Masana omwewo anakwera kumanda, kuseri kwa tchalitchi, mphepo ya kunyanja ikumukankha. Miyala iwiri inali pamodzi, ya Torfi ndi ya Sólrún. Maluwa sanatenge.

"Iwe Sólrún, manyazi ulibe?" anatero. "Mwamuna ndi uyu wagona nayeyu, ndinakubwezera. Mwana ndinakulerera, ali ndi mano onse, ali pantchito. Unamusinthapo thewera kangati iwe? Pamene anathyoka mwendo pa njinga unali kuti? Zowawa zonse zinali zanga, zokoma zako. Tsopano ukufunanso aka? Usiye mwana agone, mfiti iwe!"

Anatembenukira mwala winawo. "Nawenso Torfi, wangoti ziii ngati mmene unkachitira uli moyo."

Anatsika ali ndi mkwiyo womwewo, koma tsopano unasakanikirana ndi mantha. Sankakhulupirira kwenikweni za malotozi, ayi. Koma nanga zitakhala zoona? Mwana wolirayo anali woonda ngati kamwana ka mbalame.

Ubatizo unachitikira pabalaza pa Kolbeinn, Lamlungu masana. Madzi anali m'mbale yagalasi, makeke ali ndandanda patebulo, achibale atadzaza mpaka m'khonde. Kamtsikana anakaveka mkanjo woyera wautali, ndipo kanali kakulira kale. Anthu ankapikisana kulosera dzina.

Dagný anabwera n'kuika mwanayo m'manja mwa Steinunn. Wonyamula mwana ndi amene amatchula dzina abusa akafunsa.

"Ndi lanu," ananong'ona Dagný. "Mulitchule nokha. Kapena mwamuna wanga wapakamwayu anakuuzani kale?"

Steinunn anangogwedeza mutu. Zaka zonsezi ankadikira mphindi imeneyi, kuti mudzi wonse umve kuti nayenso adakhalapo m'banja limeneli. Anayang'ana pansi. Mwana anali atafiira ndi kulira, timanja tikunjenjemera, kopepuka ngati buledi mmodzi.

Abusa, mayi wachitsikana wa magalasi, anamwetulira. "Kodi mwanayu dzina lake ndani?"

Steinunn anadzutsa mutu.

"Sólrún," anatero Steinunn.

Analitchula ngati akulavula munga wa nsomba. Sichinali chifundo, musanamizidwe. Mkwiyo unali tho m'maso mwake.

"Steina!" anadabwa Kolbeinn. "Si zimene tinagwirizana. Mwasokoneza kapena?"

"Sindinasokoneze kanthu. Mkazi wako analota amayi ako. Chala chija ndinamanga ndine, mluzu uja ndinaumva zaka zisanu ndi chimodzi mpaka kutopa nawo. Ndinadziwa tsiku lomwelo, ndipo ndinanama."

Dagný anagwira pakamwa. Abusa anayang'ana makolowo, dzanja lili m'mwamba pa mbale ija, kudikira. Kolbeinn anayang'ana mkazi wake, kenako mayi amene adamulerayo, misozi ili lengelenge.

"Koma ife timafuna inuyo," anatero motsitsa. "Mwina timupatse onse awiri?"

"Ayi! Ndagawana naye zokwanira. Atenge lonse."

Kolbeinn anagwedezera abusa mutu, ndipo madzi anathiridwa katatu. Sólrún Kolbeinsdóttir analira kuposa poyamba, osasamala kuti wapatsidwa dzina la ndani.

Mwambo utatha, Dagný anatambasula manja kuti alandire mwana. Steinunn sanamupereke. Anamukumbatira pachifuwa, n'kuyamba kuyenda naye uku ndi uku, akumusisita kumsana mwaukatswiri wa munthu amene adachitapo kale ntchitoyi.

"Musiye kaye," anatero. "Ndinalera mwana wake, ndilera ndi mwini wake yemwe."

Kenako anaweramira kukhutu kwa kamwanako, ndipo amene anali pafupi anamva.

"Wapambananso, Sólrún. Koma ulendo uno, ufune usafune, uzinditchula kuti agogo."