Girana wa Alamu Anga

"Ine chibadwire sindinapatsepo munthu kachilombo ngakhale kamodzi kaulere," adatero alamu anga a Eleuterio, akupukuta mesikali, kachasu wa kuno, kundevu. "Ngakhale bishopu atabwera chogwada, ndingamuuze kuti akawete take."

Ankanena zimenezi pakhonde panga, akumwa mowa wanga, patangopita masiku atatu matalala atandiphera girana yense, tizilombo tija timatipatsa utoto wofiira. Mphepo idayamba yasasula denga la shedi, matalala n'kudzamalizitsa. Masamba a nopali, chomera chaminga chimene girana amadya, omwe ndidawakoloweka m'mizere adatsala obiriwira ngati otsuka ndi sopo, opanda ndi kaufa koyera komwe tizilomboto timadzifunditsa. Kwa ife oweta girana, tsamba laukhondo ndi maliro.

Tsono ukwati wa mwana wathu Herminia unali utatsala miyezi inayi. M'banja mwathu mkwatibwi amavala nsalu yofiira yonyikidwa mu girana wa pakhomo pa bambo ake, ndipo utoto wa m'sitolo azimayi a kuno amauzindikira ali kutsidya kwa msewu. Tizilomboti timafuna miyezi itatu kuti tikhwime, kenako utiyanike, utipere pamwala, unyike ubweya, mkazi wanga Gudelia aombe. Ndikadapanda kupeza tatikazi tamazira m'masabata awiri, mwana wanga akadakwatiwa m'nsalu yobwereka.

"Alamu, tochepa chabe. Todzaza chikhatho."

"Chikhatho cha ndani? Chakocho chili ngati fosholo."

"Mlongo wanu akulira usana wonse."

"Gudelia adayamba kulira tsiku lomwe adakwatiwa ndi iwe. Ndidamuuza ine kuti munthu wokhoma denga ndi misomali inayi si mwamuna. Thira wina apa, Crisanto."

Ndidawathirira. Adamwa, adayamikira mowawo pang'ono, n'kumapita.

Lamulungu titabwerako ku Misa, Gudelia adalowa m'shedi kukatenga dengu, ndiye ndidangomva mfuu. Pamasamba panali patapachikidwa tizisa ta mlaza khumi ndi tiwiri, tija timaikamo tatikazi kuti ana ake akaswa azitulukira m'mipata n'kukakamira patsamba. Nditasuzumira m'kamodzi ndidapeza tonenepa bwino, girana weniweni, osati wam'tchire uja wongodzaza ubweya. Maso anga adachita madzi, ndidanamizira fumbi.

Gudelia adagwada pomwepo kuyamika Namwali Maria. Ndidagwada nawo ndi mtima wonse. Kungoti pogwadapo ndidaona kuti Namwaliyo amamanga mfundo chamanzere, ndipo m'mudzi muno wamanzere amene sadaoneke ku Misa tsiku limenelo anali mmodzi yekha.

"Tizisa khumi ndi tiwiri tingofiiritsa theka la nsalu," adatero Gudelia akuwerenga ndi chala. "Theka linalo?"

"Amene wabweretsayu amadziwa ntchito. Abweranso," ndidatero.

Lamulungu lotsatira ndidatuluka m'tchalitchi ansembe akadali pakati pa ulaliki, ndikugwira pamimba kuti anthu asafunse. Ndidakabisala kuseri kwa mpanda wa a Remedios, aneba athu, amene miyendo idawaletsa kale kupita ku Misa koma pakamwa mpabwinobwino. Ndidadikira mpaka mawondo adauma. Belu lotulukira litalira ndidayamba kuda nkhawa kuti mwina alamu angawo ndidawaganizira zabwino zopitirira.

Ndiye awo! Akubwera chothamanga, achedwa, malaya oyera a Lamulungu atakhwinitsa mabatani mpaka m'khosi, pachifuwa patatukuka ngati abisapo nkhunda. Atangogwira chitseko cha mpanda wanga ndidatulukira.

"Alamu! Mwasochera? Tchalitchi chili uko."

"Ndimati ndione ngati dengalo walikhoma, chitsiru iwe."

"Pachifuwapo n'chiyani?"

"Chifuwa. Chandivuta sabata yonse."

Apa n'kuti anthu ochokera ku Misa atadzaza msewu, Gudelia ndi Herminia ali patsogolo. A Remedios nawo adasuntha mpando wawo kuti aone bwino.

"Eleuterio," adafuula a Remedios, "ati girana wako wayamba kuyenda yekha m'mashedi a anthu?"

"Wanga? Mayi, funsani aliyense pano. Ine kamodzi kokha sindina..."

Sindidawalole kumaliza. Mawu othokoza munthu wotere ndidalibe, ndipo ndikadawanena akadanditukwana. Ndidangowakumbatira mwamphamvu, monga tichitira pa Chaka Chatsopano, mpaka ndidamva mlaza ukuthetheka pakati pathu.

"Ndisiye, bulu iwe, ukupha tatikazi!"

Adandikankha, batani n'kuthothoka. Tizisa tidayamba kugwa m'malayamo kamodzikamodzi, Herminia akutola msangamsanga n'kumaika m'mpango wake. Adatola khumi ndi tinayi tabwinobwino. Tiwiri tomwe ndidatiphwanya tidatsalira m'kati, ndipo msewu wonse ukuonerera, pamalaya oyera aja padatuluka kadontho kofiira, n'kumakula, n'kumakula, mpaka kufika pathumba.