Manambala a pa Chikalata cha Hosea

"Iwe Mainess, ndiwe udziwa vinthu ivi. Tiwerengere."

Amayi ake anamukankhira envelopu pamphasa. Anali kuseri kwa nyumba yawo ku Chawama, tsiku lachitatu chiikireni Hosea m'manda. Tenti ya maliro inali itachotsedwa. Oyandikana nawo ambiri anali atathamangira kumzere wa ufa, poti kunamveka kuti galimoto yafika kushopu.

Hosea anali mlongo wake wa Mainess, sajeni wa usilikali. Dziko linali pa mtendere, koma m'chigwa cha Zambezi munali mabomba okwiriridwa pansi, otsala pa nkhondo za maiko oyandikana. Gulu la Hosea linatumidwa kukawafukula, ndipo limodzi linaphulika. Bokosi linabwera lokhomeratu. Msilikali amene anabweretsa envelopu anangoti inali ngozi, ndi kuti mnzake wina akadali m'chipatala.

Fanwell, mkulu wawo wogulitsa salaula, zovala za kaunjika, kumsika wa Kamwala, anaimirira atatsamira khoma.

"Kuwerenga chani? Alemba kuti ngozi. Pamaliro amuna anali kunong'ona ati mwina anali atamwa. Ine manyazi anigwira, Amama."

Mainess anatulutsa m'envelopumo chikalata cha dokotala chofotokoza za imfa ya Hosea. Kwa zaka khumi ndi chimodzi ankagwira ntchito m'chipinda cha mafayilo pachipatala chachikulu. Dokotala akalemba chimene chavulaza kapena kupha munthu, iye ankatsegula buku lalikulu n'kupeza nambala yake. Bala lililonse linali ndi nambala, mbali iliyonse ya thupi nambala. Masiku amenewo mapepala anali atasowa, moti ankalemba kuseri kwa makhadi akale. Anthu masauzande anadutsa m'zala zake choncho, koma analibe tsiku limene anawerengapo mwana wa amayi ake.

Anatambasula chikalatacho. Zolemba za dokotala zinali zokhotakhota, koma kumbali kwake kalaliki wina anali atandandalika manambala mwaudongo.

"Iyi yoyamba na E ni yokamba chimene chinachitika," anatero, chala chili pa E923. "Mu buku muli nambala ya kuphulika kwa pa nkhondo. Iyi si iyo. Popeza kulibe nkhondo, buku iitana kuti ngozi. Sitanthauza kuti analakwitsa, ba Fanwell. Buku ilibe chabe mau ena."

"Monga stovu ya palafini yaphulika? Ndiye imfa ya msoja iyo?"

"Leka amalize," anatero amayi.

Mainess anatsika nacho chala. Ngoma za m'makutu zonse ziwiri zinang'ambika. Mapapo anaphwanyika ndi mphepo ya bomba. Kenaka mabala a zitsulo: kumapewa, kumsana, kuseri kwa ntchafu, m'akatumba. Anawatchula amodziamodzi, mawu ake ali pansipansi.

Fanwell anaseka kuseka kowawa.

"Vonse kumbuyo. Mwamvera, Amama? Anali kuthawa. Sajeni wathunthu, kusiya anthu bake."

Amayi anaphimba pakamwa ndi nsonga ya chitenje. Mainess anamva mkwiyo ukukwera, koma maso ake sanachoke papepala. Panali china chimene chinkamuvuta, ndipo anabwereranso pamwamba n'kuyambiranso. Sichinali cholembedwa. Chinali chosowa.

Anthu ogwa akuthamanga anali atawalemba ambirimbiri: othawa agalu, othawa apolisi, ogundidwa ndi minibasi. Onse ankabwera ndi manambala omwewo, kusupuka m'zikhatho, m'mawondo, pachibwano, nthawi zina dzanja lothyoka. Dokotala uyu anali wosamala, analemba ngakhale kabala kakang'ono kakuseri kwa khutu. Koma kutsogolo kwa thupi la Hosea sanalembe kanthu ngakhale kamodzi.

Anatembenukira kwa mkulu wakeyo.

"Ba Fanwell, munthu wothawa akagwa, agwera pa chani?"

"Pansi, nanga pati?"

"Ku chigwa kuja ni miyala. Manja yake yalibe bala. Nkhope ilibe. Mawondo yalibe." Anayang'ana amayi ake. "Sanagwere pansi. Panali chinthu chofewa pansi pake. Amama, panali munthu."

Patsidya pa mpanda mayi wina ankapukusa chidebe pampopi wouma. Fanwell anatsetsereka ndi khoma mpaka kukhala chonjuta, maso ali pa pepala ngati kuti lingathe kuyankhula lokha.

"Manambala chabe aya ndiye akuuza ivo?"

"Aniuza kuti panali munthu. Sananiuze kuti ni ndani."

M'mawa mwake anapita onse atatu kuchipatala kumene kunagonekedwa mnzake wa Hosea uja. Minibasi zinali zosowa chifukwa cha mafuta, ndiye mtunda wina anayenda pansi, amayi akupuma m'mithunzi. Namwino anawalozera bedi lapangodya. Panakhala bambo wa imvi m'mbali mwa mutu, thonje lili m'makutu onse. Pakhadi lake panalembedwa kuti Kopolo Nkole. Mainess anangoliponyera diso khadilo mwachizolowezi: makutu, nthiti ziwiri. Basi.

Nkole sankamva, choncho Mainess analemba pachikhatho chake dzina la Hosea n'kuloza amayi. Bamboyo anayesa kuimirira, nthiti zinamukaniza. Anayamba kuyankhula mokweza, monga amachitira anthu osadzimva.

"Ba mayo! Nine ninakoka waya na nsapato. Nine, osati beve. Ninamvera chabe ka 'ke', ninauma. Ba Sajeni banali kutali, uko kulibe mabomba. Panali mwala ukulu pafupi nabo, bakanatha kubisala. Banabwera kuli ine."

Odwala a m'mabedi ena anali atatembenuka. Fanwell anavula chipewa.

"Dzulo lake tinayambana," Nkole anapitiriza, misozi ikutsika. "Ninabatukana pamaso pa banthu. Sitinali kukambitsana. Ine nili na bana sikisi, ba mayo, banali kudziwa."

Kenaka anatembenuka pang'onopang'ono, natsitsa kolala ya malaya a chipatala. Kuseri kwa khosi lake kunali zipsera zisanu zakuda, zinayi mbali ina, chimodzi chachikulu mbali inayo. Anali malo amene dzanja linamugwira ndi mphamvu zonse, kumukanikizira mutu pansi.

Mainess anafunafuna m'mutu mwake nambala ya chimenecho. Inalipo, ya kufufuma kwa khungu la pakhosi, ndipo palibe amene anavutika kuilemba.

Amayi anayika chikwama chawo pansi. Anasendera pafupi, natambasula dzanja lawo lamakwinya, n'kuyika chala chilichonse pamalo pake: chachikulu uku, zinayi uko. Dzanja lawo linali laling'ono, silinafike. Anatambasulabe zalazo mpaka zinakwana, ndipo anakhala choncho osachotsa.