Mwana Wamkazi Amalowa Chokwawa

"Gwada pompano," anatero azakhali ake, atamugwira mkono Pei-shan asanatseke n'komwe chitseko cha takisi. "Mwana wamkazi wokwatiwa salowa pamaliro a bambo ake choimirira. Ukwawe mpaka pabokosi, ukulira."

Pei-shan anayang'ana kanjira kolowera kunyumba kwawo ku Chiayi. Uku ndi uku kunali atolankhani, makamera ali m'manja. Ati anabwera kudzakhuza maliro a Liao Te-wang, katswiri wokonza mafilimu. Zoona zake anabwera kudzaona mwana wake akulira, poti misozi yake anailawa kale.

Ali ndi zaka zisanu ndi ziwiri, bambo akewo anamuika mufilimu momwe ankafunika kulira. Tsiku lonse misozi inakana kutuluka. Madzulo anamunong'oneza kuti mayi ake agundidwa ndi lole ndipo amwalira, kenako n'kukodola wojambula. Mayiwo anali bwinobwino kumsika, akugula nsomba. Filimuyo inatenga mphoto ku Ulaya, ndipo mpaka lero anthu amamuimitsa pamsewu kumuyamikira. Mawu oti pepa sanawamvepo. Analumbira kuti munthu ameneyo sadzamuliriranso.

"Azakhali, ine ndilowa ndi miyendo yanga."

"Ukufuna kutivula pamaso pa dziko lonse?"

Mchimwene wake Kun-lin anatulukira atavala chiguduli cha anamfedwa, pepala lili m'manja.

"Chemwali, usavute. Bambo analemba zonse. Uyambire apa. Ukafika pachizindikiro chofiira icho uime, udzutse nkhope. Dzuwa likhala kumbuyo kwako."

"N'chifukwa chake munalimbikira kuti ndifike folo koloko?"

"Ndi mmene anafunira."

Pei-shan anaseka chikhakhali chopanda chimwemwe. "Achimwene, munthu ali m'bokosi koma akutiuzabe poima! Nanga ndikalakwitsa, adzuka kuti tibwereze?"

"Tseka pakamwapo, mwana wopanda mwambo iwe!" Azakhali anamutsina pamkono. Kenako mawu awo anatsika. "Chizindikirocho bambo ako anamata okha, Lachiwiri lapitali. Anakana kuti tiwagwire. Anakwawa kanjira konseka, paipi ya mpweya ili m'mphuno, akutola timiyala kamodzikamodzi n'kumaika m'thumba la malaya. Amati mawondo ako ndi anthete."

Pei-shan anayang'ananso kanjirako. Sankadziwa ngati amene anatola timiyalato anali bambo ake, kapena wokonza mafilimu uja atapeza njira ina yomulizira. Woti amufunse anali atagona m'bokosi, ndipo ngakhale akanadzuka, mawu ake akanawakhulupirira ndani?

Anavula nsapato n'kupatsira Kun-lin, nagwada. Anakwawa mutu uli pansi, m'maso muli gwa. Pachizindikiro chofiira sanaime, ndipo anamva atolankhani akung'ung'udza, wina mpaka kutsonya. Anapitirira mpaka pakhomo.

Njira yonseyo, palibe kamwala ngakhale kamodzi kamene kanamulasa.