Kumanja kwa Kaputeni

Loko anali atakhazika chibwano pa kachitsulo kozizira, adokotala akumuunika m'diso ndi kanyali kolasa ngati singano. M'chipindamo munali mdima wochita kupanga. Makatani okhuthala anali otseka dzuwa lili paliwombo, ndipo kunja kunkamveka malole akulimbana ndi chitunda.

"Yang'anani kumanzere. Kumwamba. Kumanja tsopano." Adokotala anaunika mbali imeneyo nthawi yaitali kuposa mmene amachitira munthu wa uthenga wabwino. "Mthunziwu munayamba kuuona liti?"

"Sabata yatha. Tinagundana mitu ndi mnzanga. Poyamba tinali timizere, ngati tsitsi loyandama m'madzi. Kenako kung'anima. Pano kumanja kuno kuli ngati wina akukoka katani pang'onopang'ono."

Adokotala anayatsa magetsi n'kuvula magalasi awo.

"Kumbuyo kwa diso kuli kansalu kopyapyala kamene kamagwira zonse zimene mumaona. Kanu kang'ambika m'mphepete ndipo kayamba kumatuka, ngati pepala pakhoma lonyowa. Tikakamata msanga, diso lipulumuka. Koma mutu wanu ukangogwedezeka mwamphamvu kamodzi kokha, kakhoza kugwa konse. Kakagwa, ine ndilibe makwerero okakatolera. Mumagwira ntchito yanji, mayi?"

"Ndimamenya zinthu ndi mutu."

Adokotala sanaseke. Zinkaoneka kuti mpira sankaonera.

"Mubwere mawa m'mawa musanadye."

"Lolemba."

"Ndati mawa."

"Loweruka ndili ndi ntchito, adokotala."

Iwo anamuyang'ana, n'kulemba Lolemba pa kakhadi, n'kulemba mizere iwiri kunsi kwake mwamphamvu mpaka cholembera chinaboola pepala.

Dzina lake lenileni linatsala pa chiphaso pokha. Kwa zaka khumi ndi zisanu bwalo lonse linkamudziwa kuti Loko, wotchinga kumbuyo wa nambala faifi, ndipo akachotsa mpira ndi mutu anthu ankaimba kuti Loko watseka, kiyi wataya. Mphuno yake inathyokapo kawiri. Kansalu ka ukaputeni anakavala zaka khumi, makochi anayi anabwera n'kupita iye alipobe. Timu yake inafika kawiri pa fainolo ya chikho, ndipo kawiri konseko anaima pambali n'kuombera m'manja ena akunyamula. Loweruka linali kachitatu. Pa zaka makumi atatu ndi zinayi, munthu sauzidwa kuti kachinayi kulibe.

Anthu ankati mphamvu yake ili m'khosi. Iye ankadziwa kuti ili m'kabuku kakuda kamene ankasunga m'chikwama cha nsapato. Kwa iye womwetsa zigoli aliyense anali ndagi. Uyu amanyambita mlomo asanathamange. Uyu amayang'ana kumene sakupita. Uyu akatopa amakonza sokosi. Pa tsamba loyamba analembapo lamulo limodzi lokha: aliyense ali ndi chimene akubisa, ndipo amachilondera kwambiri mpaka amachiloza.

Tsopano anali ndi ndagi yakeyake. Wotchinga kumbuyo angasewere bwanji mphindi makumi asanu ndi anayi osakhudza mpira ndi mutu, anthu odzaza bwalo osazindikira?

Lachinayi masana anakhala m'chipinda chosokera cha achemwali ake akujambula mayankho m'kabukumo. Achemwaliwo ndi amene anamulera mayi awo atamwalira, ndipo chiyambire ubwana sankamupatsira chinthu m'manja. Ankangoponya. Sopo, sipuni, makiyi, zonse zinkabwera m'malere, ndipo Loko ankawakha asanatembenuke n'komwe.

"Tandigwirirako aka," anatero achemwali makina osokera akulira.

Mpukutu wa ulusi unamumenya pa tsaya lakumanja n'kugubuduka kulowa pansi pa tebulo. Makina anasiya kulira.

"Ndimaganiza zina," anatero Loko.

"Iwe, ndinakuponyerapo mbale uli m'tulo, unaiwakha. Tandiyang'ana."

Anawauza zonse, pakuti achemwali anali ndi maso osalola chigamba chokhota. Anamvetsera atagwira sizasi.

"Ndiye ukufuna chikho ndi diso lomwe? Mapanga awiri avumbwitsa, mng'ono wanga."

"Ndaziwerengera, achemwali. Ndisewera mbali yakumanja kuti mthunziwu uyang'ane kunja kwa bwalo. Mipira yam'mwamba ndimusiyira mnzanga Nsanja, ndi wamtali kuposa ine. Tikawapanikiza kutsogolo, sapeza makona ambiri."

"Waziwerengera! Chikhocho ukachitenga udzachiona ndi chiyani, chigongono? Ine telala ndakugwira ndi ulusi. Nanga aja amene ntchito yawo ndi kukufufuza?"

Achemwali anawerama n'kutola mpukutu uja okha, ndipo pomupatsa anachita kuuika m'dzanja lake, n'kulipinda zala. Zimenezo zinamuopsa kuposa mawu a adokotala.

Akochi sanavute. Atawauza kuti akufuna asinthane mbali ndi Nsanja chifukwa waona kanthu pa adani, iwo anasuntha timaginito tiwiri pa bolodi lawo n'kunena kuti nawonso ankaganiza zomwezo. Akochi onse ankaganiza zomwezo akauzidwa.

Loweruka kunacha ndi mitambo yolemera yosagwetsa mvula. Matimu awiri anandanda m'kanjira kotulukira m'bwalo, pansi pa anthu. Denga la simenti linkanjenjemera ndi mapazi, ndipo timiyala tinkayoyoka n'kugwera m'tsitsi. Loko anali patsogolo, maso ali pa kuwala kwa kumapeto kwa kanjirako. Mthunzi unali utasendera pang'ono usiku. Ankadziwa, chifukwa dzulo lake akaima pakhomo la bafa ankaona swichi ya magetsi, koma m'mawa umenewo sanaione.

"Mwayamba kunyada, akulu?"

Anatembenuza mutu wonse. Kumanja kwake kunali Mavu, womwetsa zigoli wa timu inayo, dzanja lili m'malere. Linali litakhala pamenepo nthawi yaitali, moti atsikana akumbuyo anali atayamba kuseka.

Mavu anakulira m'manja mwake. Anabwera ku timu ya Loko ali kamtsikana koonda kolira msanga, ankagona chipinda chimodzi pa maulendo, ndipo Loko ndi amene anamuphunzitsa kuwerenga munthu. Kenako timu yolemera inamutenga. M'kabuku kakuda tsamba la Mavu linali ndi mzere umodzi: akapeza yankho amasiya kulankhula.

"Sindinakuone, mwana iwe," anatero Loko, n'kumugwira dzanja.

"Simunandione?" Mavu anamwetulira. "Ine ndimati mwina ukalamba wafika m'makutu."

"Ukalamba wangawu unakusunga m'thumba kawiri chaka chatha."

Mavu anatsegula pakamwa kuti abweze, koma sanabweze. Anayang'ana diso lakumanzere la Loko, kenako lakumanja, kenako pansi. Oyimbira anakodola ndipo onse anatuluka. Mavu sanalankhulenso.

Chigawo choyamba chinayenda ngati masamu a m'kabuku. Mpira ukakwera, Loko ankafuula kuti "Yako, Nsanja!" ndipo Nsanja ankauchotsa akusangalala kuti kaputeni wayamba kumukhulupirira. Mipira ina ankailola idunde n'kuitenga ndi chifuwa. Ina ankaiwerenga isanamenyedwe n'kukaima pamalo poti womenyayo asinthe maganizo. Anthu ankaimba nyimbo yake, osadziwa kuti akuimbira mutu umene sunagwire ntchito.

Koma Mavu anali kusowa. Sankathamangira pakati monga mwa nthawi zonse. Ankapita n'kukaima kumbuyo kwa phewa lakumanja la Loko, m'kati mwa katani muja, n'kukhala chete. Loko ankamudziwa ndi mpweya wokha ndi kulira kwa nsapato pa udzu. Kawiri anatulukira ngati munthu wochokera m'khoma. Kachiwiriko mpira unamenya chitsulo cha golo, ndipo chitsulocho chinalira nthawi yaitali.

Popumulira akochi anamupatsa madzi.

"Khosi likuvuta? Ukutembenuka ngati nkhuku yaona mphamba."

"Ndinagonera mbali imodzi, akochi."

"Tatsala pang'ono. Usanditayitse."

Mitambo inatsika mpaka magetsi a bwalo anayatsidwa masana. Panalibe chigoli. Miyendo inayamba kulemera, Nsanja anayamba kutsimphina, ndipo adani, amene sanali opusa, anayamba kuponya mipira yonse m'mwamba. Kutatsala mphindi zitatu, wapagolo wa timu ya Loko anaukankhira mpira kunja. Kona.

Loko anandandika anthu ake. Nsanja anapita ndi wamtali wawo ku chitsulo chakutali. Pakati panatsala iye, pamalo amene anaimapo zaka khumi ndi zisanu. Anamva mpweya wofunda pakhutu lakumanja.

"Ndikudziwa, akulu," anatero Mavu motsitsa mawu. "Mpirawu ukubwera pa inu, tinapangana. Ine ndibwera ndi mutu wanga wonse, mbali inoyi. Sindibweza. Musadumphe."

"Ukundiopseza?"

"Ndikukuuzani."

Wakutsina khutu ndi mnansi, amatero. Koma Loko yemweyo ndi amene anaphunzitsa mwanayu kuti pa kona mawu amodzi amaposa chigongono. Ngati chinali chifundo, chinali chifundo chopatsa Mavu chigoli. Ngati unali msampha, unali msampha wonena zoona. Anaitembenuza ndagiyo mbali zonse ndipo mbali zonse inali ndi yankho limodzi: panalibe chimene Mavu ananama.

Womenya kona anakweza dzanja. Mpira unanyamuka, woyera pansi pa magetsi, n'kupindika kubwera ndendende pamene Loko ankadziwa kuti ubwera. Unali wake. Mawondo anapindika okha, khosi linauma lokha, thupi lonse linali litayankha kale monga linkayankhira nthawi zikwizikwi. Anaona ulusi wa zigamba za mpirawo. Anaona kadontho ka matope pambali pake. Anadabwa kuti ankaona bwino chonchi, ndi maso onse awiri.

Mapazi ake sanachoke pansi. Anakokera mutu m'mapewa.

Chinthu chinadutsa pamwamba pake ngati thumba la simenti, ndipo ukonde unagwedezeka.

Bwalo silinaphulike nthawi yomweyo. Panali kamphindi kachete, anthu akufunsana ndi maso ngati aona zofanana. Kenako mbali imodzi inayamba kuvina, ina inayamba kukuwa. Nsanja anamuyang'ana atagwira m'chiuno. Akochi anavula chipewa n'kuchiyang'ana m'kati. Mavu sanathamange kukasangalala, anzake anachita kumugwetsa. Wezulo womaliza atalira, Loko anaima pambali kachitatu n'kuomba m'manja, mabotolo apulasitiki akugwera pafupi ndi mapazi ake. M'chipinda chovalira palibe anamufunsa kanthu, ndipo iye sanafotokoze. Anavula kansalu ka pamkono n'kukaika pa benchi pafupi ndi chikwama cha Nsanja.

Lolemba m'mawa anakhala pa mzere wa chipatala cha maso asanadye, chipewa chili chotsitsa, achemwali atapita kukasainira mapepala. Nesi anali atanena kuti adokotala aona kaye ngati kansalu ka m'diso kaja kakadali pomwe anakasiya. Pafupi naye panali bambo wachikulire, diso limodzi lomatidwa ndi thonje, linalo likulengeza misozi. Anali ndi nyuzi pamiyendo, tsamba lakumbuyo lili pamwamba.

"Mwanangu, maso ako ali bwinoko? Tandiwerengera apa. Ndimaona chithunzi chokha, timalembati tikuvina."

Chithunzicho chinatenga theka la tsamba. Wojambulayo anadziwa ntchito yake. Mavu anali m'malere, ndipo pansi pake panali mzimayi wa nambala faifi atabisa mutu ngati mwana woopa mbama.

Loko anawerenga mokweza. "Mutu ukakula sulewa nkhonya, koma wa kaputeni unalewa."

"Eya! Amenewo ndiye mawu." Bamboyo anamenya ndodo pansi. "Ine ndinamvera pa wailesi, ndinatsala pang'ono kuiphwanya. Zaka zonsezi tikumuimbira! Akuti chinachitika n'chiyani?"

"Akuti sakudziwa, bambo. Ena akuti mantha, ena akuti ukalamba."

"Mantha amenewo. Pitiriza."

Loko anakweza dzanja n'kuphimba diso lakumanzere. Katani uja anali pomwepo, wakuda, atadya mphepete mwa tsamba ndi theka la bondo la bamboyo. Koma pakati panali poyera. Anasendeza nyuzi pang'ono n'kuyamba ndime yoyamba ndi diso lodwalalo, liwu ndi liwu. Anawerenga za mphuno yake, za zaka zake, za amene akuti alowe m'malo mwake. Anawerenga mayina a olowa ndi otuluka, mphindi ya chigoli, ngakhale timalemba tating'ono ta m'mbali mwa chithunzi tonena amene anajambula.

Nesi anatsegula chitseko n'kuitana nambala yake.

"Tamaliza kaye, mwanangu," anatero bamboyo atamugwira mkono. "Umawerenga bwino iwe."

"Yatsala mizere itatu," Loko anauza nesiyo, ndipo anatsitsanso diso pa tsamba.